Wapolisi Amene Ananjuta Pamaso pa Apongozi

Ana anga, mwandifunsa kangapo chifukwa chake mkulu wanu Tereza anakulira ku Chiparamba, osagonapo m'nyumba yomwe inu munakuliramo. Nthawi zonse ndinkangoti ndi nkhani yakale. Ndi yakaledi, koma ine ndakalamba, maso ayamba kuchita chifunga, ndipo ndikapanda kuilemba tsopano mudzaimva kwa anthu ena pamaliro anga, atathiramo mchere wawo. Za ubwana wanga ku Kasenengwa ndizilumpha, poti munazimva mpaka kutopa nazo. Ndiyambira pomwe ndinavala yunifomu.

Kumapeto kwa zaka za m'ma 1950

Nditamaliza maphunziro a upolisi kufupi ndi Lusaka, ananditumiza kwathu konkuno, m'tauni yomwe masiku amenewo inkatchedwa Fort Jameson. Ndinatsika basi mapewa ali m'mwamba. Ndinali ndi jombo, lamba wachikopa, chipewa ndi chibonga, ndipo ndinkaona ngati anthu onse a pamsika asiya malonda kuti aone ine. Chomwe sindinkafuna kuchiganizira ndi chovala chomwe chinali pakati pa lamba ndi jombo. Ife apolisi akuda tinkavala kabudula. Azungu nawonso ankavala kukatentha, koma iwo anali ndi buluku m'bokosi, ndipo kwawo bondo la munthu wamkulu silinali la manyazi. Kwathu kabudula inali ya mwana wa sukulu ndi wantchito wa kukhitchini. Bambo wandevu zake, wa ana asanu, ankayenda m'tauni mawondo ali pamtunda. Tinkaiviika kabudulayo m'phala la chinangwa n'kuisita mpaka kuuma gwa, ngati kuti ikauma kwambiri italika.

Kukampu ya polisi aliyense anali ndi kachipinda kamodzi. Phoso linali ufa ndi nyemba zofumbwa, ndipo jombo ikang'ambika unkaisoka wekha ndi waya. Zimenezo sizinkatiwawa kwenikweni, chifukwa kumudzi tinachokera kunalibe zoposa apo. Chomwe chinkawawa ndi malire a ntchito yathu. Mzungu sitinkaloledwa kumugwira. Akaledzera n'kugwetsera galimoto m'ngalande, ntchito yathu inali kuima pambali n'kumamulondera mpaka mzungu mnzake abwere. Sajeni wathu, bambo wa imvi amene anamenya nkhondo kutsidya kwa nyanja, ankamenyera saluti mnyamata aliyense woyera amene wangofika dzulo kuchokera ku Mangalande. Ndiye mphamvu zomwe sitinkatha kuzionetsa kumtunda tinkazitsitsira kumunsi, kwa amayi ofulula mowa m'komboni, kwa anyamata opanda chitupa, kwa wokwera njinga yopanda nyali. Anthu ankatiopa, ndipo ife tinkamwa mantha awowo ngati mankhwala.

Bwana amene ankatiyang'anira anali insipekitala wamng'ono, wocheperapo kwa ine pa zaka. Ankayesetsa kusunga ndevu zapamlomo koma zinkamera motalikirana, choncho tinamupatsa dzina loti Kandevu. Poyamba ndinkamuyesa munthu wopanda mantha. Koma tsiku lina ndinamuperekeza ku famu ya fodya, ndipo mzungu mwini famuyo anamukalipira pamaso pathu ngati akukalipira mbusa wa ng'ombe, mpaka makutu a Kandevu anafiira. Titafika kukampu anatithamangitsa perete padzuwa mpaka wina anakomoka. Apo ndinadziwa kuti nayenso anali ndi omwe ankamuona ngati mwana.

Mnzanga woyenda naye pa ntchito anali Jere, Mngoni wamfupi wa chifuwa chachikulu. Ufupi wakewo unkamuvutitsa kwambiri, moti m'jombo ankaikamo zikatoni. Pogwira munthu ankayamba ndi khofi, mafunso pambuyo. Ine ankakonda kundiseka chifukwa cha mwambo wathu wa Achewa woti mwamuna amakakhala kwa mkazi.

"Imwe Achewa ndimwe amuna abwanji?" ankatero. "Mwamuna kukamanga nyumba kwa mkazi, kulimira apongozi ngati ng'ombe. Ife timalowola, mkazi n'kubwera yekha."

Ndinkaseka nawo, koma mawuwo ankalowa.

Chaka chomwe Tereza anabadwa

Mayi ake a Tereza dzina lawo linali Felista. Ndinamuona koyamba kutchalitchi ku Chiparamba akuimba m'kwaya, ndipo ndinabwererako Lamlungu lililonse mpaka abambo mfumu anayamba kundiyamikira kuti ndine wokonda mapemphero. Titadalitsa ukwati, mwamwambo ndinayenera kumanga nyumba m'mudzi mwawo. Koma ntchito inali kutauni, choncho ndinapempha chitengwa, kuti andilole kumutenga. Atsibweni ake, a Gabiriele, ankakana. Amene anathetsa nkhaniyo anali mayi ake a Felista, anaPhiri. Anati mwanayo apite, mwamuna wake ndi waulemu. Ankandikonda mayi amenewo. Sanandiuzepo ndi pakamwa, koma aliyense wochokera ku Chiparamba ankabwera ndi kamtolo ka mtedza kapena mbatata, n'kunena kuti izi ndi za aMbewe, kutanthauza ine.

Inu munakulira m'tauni, ndipo ndimakuonani mukukumbatirana ndi apongozi anu pa siteshoni ya basi. Sindikuti n'zoipa. Koma m'masiku athu mkamwini sankayang'ana apongozi ake aakazi kumaso, sankawakhudza, sankadya nawo pamodzi. Mukakumana panjira, mmodzi ankapatukira kutchire mpaka mnzake adutse. Pakakhala mawu oti anenedwe, mkamwini ankanjuta chapatali, kuvula chipewa, kuomba m'manja, n'kumalankhula maso ali pansi. Sikunali kudana. Unali ulemu waukulu kuposa wina uliwonse umene mwamuna ankapereka kwa munthu, ndipo ine ndinkanyadira kuti sindinaulakwitsepo.

Tereza atabadwa, tinatumiza uthenga kumudzi. AnaPhiri sanadikire kuti wina akawatenge. Anagulitsa mtedza wawo, n'kukwera lole Loweruka lina m'mawa, osatiuza. Kanali koyamba kufika m'tauni. Asanafunse njira ya kukampu anafuna kugulira mdzukulu wawo nsalu yoberekera, kuti asafike chimanjamanja.

M'tauni munali sitolo ina ya azungu, dzina lake sinditchula. Munthu wakuda sankalowa pakhomo lakutsogolo. Kumbali kunali kawindo, ndipo unkaima pamenepo, kutchula chomwe ukufuna, n'kulandira chomwe akupatsa osachisankha. Tonse a m'tauni tinkadziwa zimenezi. AnaPhiri sankadziwa. Anaona nsalu yamaluwa pagalasi, anaona khomo lotsegula, analowa. Anatsitsa dengu lawo pansi n'kuyamba kuipapasa nsaluyo ndi zala, monga mmene mayi aliyense amachitira asanagule.

Ife tinali kudutsa mumsewu womwewo, Kandevu patsogolo, ine ndi Jere pambuyo. Dona wa m'sitoloyo anatulukira pakhonde n'kutikodola. Kandevu analowa, ine ndinaima pakhomo penipeni, Jere kumbuyo kwanga. M'katimo munali madona ena atatu, ataunjikana pakona ngati mwalowa njoka. Ndinaona msana wa mayi wovala chilundu chakuda, duku lofiira kumutu. Dengu lomwe linali pansi ndinalizindikira mwini wake asanatembenuke, chifukwa ndinaliluka ndine.

Anatembenuka, n'kundiona. Nthawi yomweyo anakoka duku kuphimba nkhope, n'kuyang'ana kukhoma.

"Iwe Mbewe," anatero Kandevu m'Chinyanja chake chothyokathyoka. "Chotsa mkazi uyu. Msanga."

Mvetsani bwino pamenepa, chifukwa ndi pomwe pagona nkhani yonse. AnaPhiri sanali kukana kutuluka. Khomo linali limodzi, ndipo pakhomopo panali mkamwini wawo. Kuti atuluke anayenera kundidutsa pafupi, mwina kundikhudza, ndipo zimenezo sakanachita ngakhale sitoloyo ikanayaka moto. Ine nanenso sindikanawayandikira. Ndikanangopatuka n'kutuluka panja, njira ikanatseguka, koma bwana anali atandilamula ndipo wapolisi sachoka pamalo ake. Mutu unaima. Thupi linachita lokha zomwe linaphunzira kumudzi. Ndinavula chipewa, n'kunjuta pakhomo pomwepo ndi kabudula wanga wouma uja, n'kuomba m'manja.

"Zikomo amayi," ndinatero, maso ali pansi. "Pepani, muno satilola. Tikagulire kuseri."

Mawu anatuluka otsika kwambiri, kaya anawamva kaya. Chomwe chinamveka ndi kuseka kwa dona mmodzi, kenako anzake aja. Ndinakweza maso pang'ono n'kuona makutu a Kandevu atafiira ngati tsiku la ku famu lija. Wapolisi wake, pamaso pa akazi a mtundu wake, anali atanjuta kuombera m'manja mayi wa kumudzi wopanda nsapato.

"Jere," anatero Kandevu.

Jere anandilumpha ngati akulumpha chitsa. Anawagwira anaPhiri pamkono n'kuwakoka. Iwo dzanja lina linali likugwirabe duku kunkhope, choncho sankaona kumene akupita. Pakhomo anaPhiri anandigunda ndi bondo, ndipo ndinamva akulira kamawu kakang'ono, osati chifukwa cha ululu koma chifukwa chondikhudza. Pakhonde chilundu chinamasuka. Jere anawakankha, ndipo anagwa pamasitepe asimenti, nsalu ili kwina iwo ali kwina.

Ndinaona. Kenako ndinachita zomwe mkamwini ayenera kuchita, ndinatembenuka n'kuwapatsa msana. Anali pansi akubuula, ine nditaima chiimire kuyang'ana mashelefu a sopo. Amene anawafunditsa anali mayi wina wogulitsa nthochi tsidya la msewu.

Dzinja la chaka chomwecho

Fupa la m'chiuno linathyoka. Anakhala m'chipatala nthawi yaitali, ndipo potuluka mwendo umodzi unali utafupika. Mdzukulu wawo anamuonera pabedi la m'chipatala. Ine Kandevu anandipatsa chilango chothamanga ndi mfuti pamutu masana onse kwa mlungu wathunthu, ndipo pa perete ananena pamaso pa onse kuti wapolisi sagwadira mkazi. Kandevu yemweyo anayamikira Jere kuti ndiye mwamuna. Mawa lake anamutuma kukasambitsa galu wake, ndipo Jere anapita.

Felista sanandikalipire. Zikanakhala bwino akanandikalipira. Ankapita kuchipatala m'mawa mwana ali kumbuyo, kubwera madzulo, kundiphikira, n'kukagona. Amayi ake atatulutsidwa anawaperekeza ku Chiparamba, ndipo sanabwerere. Patapita milungu ingapo a Gabiriele anandiitana.

Ndinapita panjinga, mvula ikuwaza. Tinakhala pakhonde la nyumba yawo, Felista atakhala pamphasa chapatali akuyamwitsa Tereza. A Gabiriele anali munthu wosakweza mawu.

"AMbewe," anatero, "ife sitikuti munamenya munthu. Amene analipo atiuza kuti munapereka ulemu. Koma mlongo wanga sadzagwiranso khasu. Mwana wamkazi ali ndi mmodzi yekha, ndi uyu. Chitengwa tinakupatsani ndife, ndiye lero tikuchitenganso. Mkazi wanu sitikukulandani. Malo omanga nyumba alipo, munda ulipo. Vulani zovala za azunguzo mubwere kuno."

"Ntchito ya boma sasiya choncho, atsibweni," ndinayankha. "Ndipatseni nthawi. Mwina andikweza, ndipeze nyumba yaikulu, amayi tidzawatenge."

"Akakhale kukampu, moyandikana ndi uja anawavula?"

Ndinayang'ana kwa Felista.

"Bambo a Tereza," anatero iye, osakweza mutu, "ine amayi akukwawa sindingawasiye. Inu ndinu muli ndi miyendo."

Ndinabwerera kutauni nditalonjeza kuti ndikaganiza. Ndinaganizadi, ndipo mpaka lero sindinakumanepo ndi nkhani yolemera ngati imeneyo. Felista ndinkamukonda. Mwana ndinkamulota. Koma ndikatseka maso ndinkadziona ndili m'mudzi muja, nditagwira khasu m'munda wa mayi amene ndinaona umaliseche wawo, mudzi wonse ukudziwa. Ndinkaona anyamata omwe ndinkawathamangitsa chifukwa cha chitupa akundipeza kudambo ndilibe lamba, ndilibe chibonga. Ndinkamva mawu a Jere akuuza kampu yonse kuti Mbewe wapita kukalimira apongozi. Kukampu ndinali mwana pamaso pa Kandevu, koma ndikatuluka pageti anthu ankandipatukira. Ndinkaopa kuti ndikavula yunifomu sipatsala kanthu koti munthu n'kupatukira.

Ndinatumiza mawu kuti ndikhala pa ntchito, ndipo Felista abwere amayi ake akapezako bwino. Ndinkadzinamiza kuti abwera. Chaka chinatha, china chinatha. Ndinkapita kukaona mwana, koma ulendo uliwonse anaPhiri akamva belu la njinga yanga ankakwawira m'nyumba n'kutseka chitseko, ndipo ine ndinkachoka mtima uli wolemera kuposa pobwera. Maulendo anayamba kutalikirana. Kenako anandisamutsira kutali, kumalire, ndipo ndili komweko ndinamva kuti Felista ali ndi mwamuna wina, mlimi wa thonje wa m'mudzi woyandikana nawo. Ndinalira ngati mwana, ndekha, kuseri kwa ofesi.

Ufulu utabwera

Kandevu anakwera ndege kubwerera kwawo. Jere anachotsedwa ntchito atavulaza mkaidi, ndipo anathera m'mabala a m'komboni, akuuza aliyense womugulira mowa kuti kale anthu ankamuopa. Ine anandikweza, kenako anandikwezanso. Ndinavala buluku, ndinakhala pampando womwe unali wa Kandevu, ndinalowa m'sitolo ija pakhomo lakutsogolo n'kugula sopo yemwe sindinkamufuna. Ndinakumana ndi amayi anu, ndipo munabadwa inu. Amayi anu ankaidziwa nkhaniyi, ndipo ndi iwo ankandikumbutsa kutumiza zovala ndi mabuku kwa Tereza.

Tereza ali kale mtsikana wamkulu, kunabwera munthu ku ofesi kudzandiuza kuti anaPhiri akudwala kwambiri ndipo akufuna aMbewe. Ndinayesa kuti walakwitsa munthu. Anati ayi, atchula inu, bambo a Tereza.

Ndinafika ku Chiparamba masana, nthawi yokolola, anthu ambiri ali kuminda. Felista anali panja akusenda chimanga. Anali atakalamba msanga. Anandipatsa moni waulemu, wa mlendo, n'kundilozera nyumba. Ndinafika pafupi ndi khomo, ndinavula chipewa, n'kunjuta panja monga kale, n'kuomba m'manja.

"Zikomo amayi. Ndabwera."

"Lowani," anatero mawu ochokera m'kati.

Ndinayesa sindinamve bwino, choncho ndinaombanso m'manja.

"Ndati lowani, aMbewe. Mwanjuta mokwanira."

Ndinalowa. Anali atagona pamphasa, atafunda bulangete, ndodo yawo ili pambali. Nkhope sanaphimbe. Kanali koyamba kuiona bwinobwino nkhope imeneyo, ndipo ndinadabwa kuona kuti ndi nkhope ya Tereza. Anandiyang'ana nthawi yaitali.

"Kani ndinu otere," anatero. "Ine ndinkangodziwa mawondo."

Ndinafuna kuseka, koma m'maso munadzaza misozi. Ndinayamba kupepesa, mawu omwe ndinakhala ndikuwakonza zaka zonsezo, koma anandidula.

"Sindinakuitanireni zimenezo. Inu simunandimenye. Ine ndakhala pamphasa pano zaka zambiri, ndipo munthu wosayenda amaganiza. Ndaiganiza sitolo ija mpaka kuitopa. Inu munasunga mwambo, ine ndinasunga mwambo. Tonse awiri tinakhoza. Ndiye taonani kukhoza kwathu komwe kwatifikitsa."

Anapuma kaye, chifuwa chikulira.

"Mukanangondigwira dzanja, mwana wanga, n'kunditulutsa. Mlandu wake unali wa nkhuku imodzi. A Gabiriele akanakukalipirani pang'ono, tikanapha nkhukuyo, tikanadya, basi. Felista akanakhala kwanu."

Panja ndinkamva chimanga chikugwera m'dengu, ndipo ndinadziwa kuti Felista akumva zonse.

"Msana wawawa," anatero anaPhiri. "Tandidzutsani ndikhaleko tsonga."

Anatulutsa dzanja m'bulangete n'kulitambasulira kwa ine. Ndinaliyang'ana, ndipo ngakhale pamenepo thupi langa linkakana. Iwo sanalibweze. Ndinaligwira. Linali dzanja laling'ono, lopepuka, loti ngakhale mwana akanatha kulitsogolera kuchokera pa nsalu paja m'sitolo muja mpaka panja.